Abale Akati Musamuuze Wodwala, Dokotala Atsate Mfundo Iti?

Bambo wina wa zaka za m'ma 60 anagonekedwa m'wodi mwathu atakhala miyezi inayi akuvutika kumeza. Anayamba kulephera nsima, kenako phala, ndipo pomwe amafika kwa ife ngakhale madzi ankabwerera. Titaunika kummero tinapeza chotupa chimene chinali chitatseka pafupifupi njira yonse ya chakudya, ndipo kachidutswa kamene tinatumiza ku labotale kanatsimikiza kuti inali khansa ya kummero, matenda amene kuno ku Malawi timawaona kawirikawiri kuposa m'maiko ambiri. Ndisanalowe kukalankhula nawo, mwana wawo wamkazi, yemwe anali gadiyani, anandiimitsa pakhonde ali ndi mkulu wawo wa odwalawo. Anagwada pang'ono n'kunena motsitsa mawu kuti, "Adokotala, zimene mwapezazo tiuzeni ifeyo. Bambo musawauze, mtima wawo ndi wochepa. Akangomva dzina la matendawa ataya mtima, ndipo atisiya msanga."

Pa tsiku limenelo ndinalibe chikaiko chilichonse pa za matendawo. Ndinkadziwa chimene chinali kummeroko, ndinkadziwanso kuti sichikanachiritsika. Chimene sindinkadziwa ndi chakuti choyenera kuchita n'chiti, ndipo chikaiko cha mtundu umenewu n'chosiyana kwambiri ndi chimene timachithetsa poyeza magazi kapena pojambula m'thupi. Palibe makina amene angandiuze ngati ufulu wa munthu wodziwa za thupi lake uli wolemera kuposa mtendere wa mumtima mwake m'masiku ake omaliza, kapena ngati mawu a banja ali ndi ulamuliro pa nkhani yotere.

Mfundo zimene zinkakokana mumtima mwanga zinali zitatu, ndipo iliyonse ili ndi anthu anzeru oiikira kumbuyo. Yoyamba imati pali zinthu zimene munthu sayenera kuchita zivute zitani, ndipo kunamiza mnzako ndi chimodzi mwa izo. Immanuel Kant, woganiza mozama wa ku Germany, anafika polemba mu 1797 kuti si kololedwa kunamiza ngakhale chigawenga chimene chikufunsa komwe mnzako wabisala. Yachiwiri, yomwe Jeremy Bentham ndi John Stuart Mill a ku England anaiphunzitsa, imati chochita chimayezedwa ndi zotsatira zake, kotero kuti ngati kubisa kuchepetsa masautso, kubisako ndiko kwabwino. Yachitatu ndi imene tinakulira nayo ambiri a ife, ya umunthu, yomwe imaona wodwala ngati munthu wa m'banja amene katundu wake amasenzedwa ndi onse, motero nkhani yolemera imayamba yafika kwa akuluakulu, iwo n'kuona mmene angaitulire. Mwana wamkazi uja sankapempha chinthu chachilendo kapena choipa. Ankachita zimene mwana wachikondi amachita malinga ndi mwambo umene anaphunzitsidwa.

Wina angaganize kuti maphunziro a zachipatala anathetsa kale mtsutsowu, koma mbiri yake imatiphunzitsa kudzichepetsa. Mu 1961 dokotala wina dzina lake Donald Oken anafunsa madokotala a ku Chicago, ku United States, ndipo pafupifupi 90 mwa 100 alionse anati kawirikawiri sauza wodwala kuti ali ndi khansa. Pa kafukufuku amene anasindikizidwa mu 1979, madokotala ena atafunsidwa mafunso omwewo m'dziko lomwelo, 97 mwa 100 alionse anati amamuuza. M'zaka 18 zokha, chimene akatswiri ankachiona ngati chifundo chinasanduka kulanda munthu ufulu wake. Madokotala a mu 1961 sanali anthu oipa, ndipo ankakhulupirira ndi mtima wonse kuti akuchita bwino. Ngati iwo analakwa osazindikira, ine ndilibe chifukwa chodziyesera kuti sindingalakwe chimodzimodzi.

Njira imene ambiri timatsata, nthawi zina mosazindikira, ndi yosankha mfundo imene tikuikhulupirira kwambiri n'kumachita ngati zinazo kulibe. Vuto lake ndi lakuti imataya chinthu chimene tikuchidziwa, chomwe ndi chikaiko chathucho. Ngati mtima wanga ukupendekera ku mfundo imodzi pang'ono pokha, kuchita ngati ndatsimikiza kotheratu ndi kudzinamiza ndekha. Funsoli si latsopano ayi. Ansembe a Katolika analimbana nalo kwa zaka mazana ambiri polangiza anthu olapa. Mu 1577 Bartolomé de Medina, wansembe wa ku Spain, anaphunzitsa kuti munthu angathe kutsata ganizo lililonse lokhala ndi maziko omveka, ngakhale ganizo lotsutsana nalo litakhala ndi maziko olimba koposa. Blaise Pascal wa ku France anadzudzula mwamphamvu chiphunzitso chimenechi kuyambira mu 1656, poona kuti chimapatsa munthu danga losankha ganizo lomukomera iye mwini. Ena anapita mbali inayo n'kumati nthawi zonse titsate njira yokhwimitsa kwambiri kuti tisachimwe, koma amene wayesapo kukhala motero amadziwa kuti mapeto ake ndi kulephera kuchita kanthu kalikonse. Alphonsus Liguori, wansembe wa ku Italy, m'zaka za m'ma 1700, anayesa kupeza njira ya pakati pa ziwirizi.

Njira imene ine ndimaiona yothandiza ndinaiphunzira poyamba pa bedi la mwana wodwala, ndisanaiwerenge m'zolemba za anthu monga William MacAskill ndi Toby Ord, oganiza mozama amene ankagwira ntchito ku yunivesite ya Oxford. Mwana akabwera usiku thupi likutentha, akukomoka ndiponso sakuzindikira, kawirikawiri timaganizira malungo ofika ku ubongo. Koma pamakhalanso mwayi wakuti ndi matenda oumitsa khosi, ndipo ngati sitingathe kuyeza madzi a mumsana nthawi yomweyo, sitinena kuti popeza malungo ndiwo tikuwaganizira kwambiri, tipereke mankhwala a malungo okha. Timapereka artesunate wa malungo pamodzi ndi ceftriaxone wa matenda oumitsa khosi, chifukwa kupereka mankhwala owonjezera kwa mwana amene sankawafuna kumaononga zochepa, pamene kusawapereka kwa mwana amene amawafuna kungathe kumupha kapena kumusiya wosamva moyo wake wonse. Timayang'ana zinthu ziwiri nthawi imodzi: mwayi wakuti ganizo lililonse ndi loona, ndi kukula kwa choipa chimene chingachitike ngati ganizolo ndi loona koma ife talinyalanyaza.

Maganizo omwewa angagwire ntchito pa mfundo za makhalidwe. M'malo mofunsa kuti mfundo yolondola ndi iti, funso limene mwina sindidzaliyankha mpaka kufa, ndimadzifunsa kuti chochita chilichonse chimene chili patsogolo panga chikuoneka bwanji m'maso mwa mfundo iliyonse, ndipo ngati chili cholakwa, n'cholakwa kwambiri kapena pang'ono. Tiyeni tione nkhani ya bambo aja. Ndikanawanamiza kuti ndi zilonda chabe zimene zipola, mfundo yoyamba ikanati ndachita choipa chachikulu, yachiwiri ikanati mwina ndachita bwino pang'ono mwinanso ayi, pakuti wodwala amene akuona thupi lake likutha pamene aliyense akumuuza kuti achira amasanduka wosungulumwa pakati pa abale ake omwe. Ngakhale mfundo ya umunthu, ukaiyang'anitsitsa, imalemekeza kutula nkhani mwaulemu ndi pa nthawi yake, koma siyamikira kunamiza munthu wamkulu. Ndikanalowa n'kuwauza zonse pomwepo, osalabadira pempho la banja, mfundo yoyamba ikanakhutira, koma yachitatu ikanati ndaphwanya chinthu chamtengo wapatali, ndipo yachiwiri ikanandifunsa kuti ndani adzawasamalira kumudzi ndikasokoneza ubale wawo ndi anthu amene adzawasambitse ndi kuwatembenuza pa mphasa.

Pali chinanso chimene ndimachiyeza, chomwe ndi chakuti kodi chochitacho chingabwezedwe kapena ayi. Abale amakonda kukumbutsa kuti madzi akatayika saoleka, kutanthauza kuti mawu ukawanena sungawabweze, ndipo amanena zoona. Koma kukhala chete nakonso kuli ndi tsiku limene kumasanduka kosabwezeka. Munthu amene wamwalira osadziwa kuti akumwalira sangabwerere kudzaonetsa malire a munda, kudzatchula amene ali naye ngongole, kudzaitana mwana wake wa ku Johannesburg, kapena kudzakhululukirana ndi m'bale amene anayambana naye. Choncho kudikira masiku awiri kapena atatu n'kotheka ndipo nthawi zambiri n'kwanzeru, koma kudikira kopanda malire ndi chisankho chimene chimadzibisa ngati kuti si chisankho.

Ndiyenera kunena poyera kuti njirayi ili ndi zovuta zake, ndipo aliyense amene angakuuzeni kuti ndi masamu osavuta sakunena zonse. Chovuta choyamba n'chakuti mfundozi zilibe sikelo imodzi. Kant sanena kuti bodza limalemera makilogalamu angati poyerekeza ndi masautso a munthu, amangoti usaname. Chovuta chachiwiri n'chakuti ngati mfundo ina, ngakhale tikuikhulupirira pang'ono kwambiri, ikunena kuti cholakwacho n'chachikulu kopanda malire, ndiye kuti mfundo imeneyo izipambana nthawi zonse, ndipo tidzakhala akapolo a aliyense wolankhula moopseza kwambiri. Poyesa kuthana ndi zimenezi, woganiza mozama wina, Nick Bostrom, ndi Toby Ord uja anapereka chithunzi cha nyumba ya malamulo ya mumtima, momwe mfundo iliyonse ili ndi nthumwi zochuluka molingana ndi mmene tikuikhulupirira, ndipo nthumwizo zimakambirana, chipani chilichonse n'kugonja pa nkhani zimene sichiziona zazikulu kuti chimvedwe pa nkhani imene chikuiona yaikulu. Kwa munthu amene anakhalapo pa zokambirana za banja, pomwe amalume amalolera pa za tsiku la mwambo koma osalolera pa za kumene maliro akaikidwe, chithunzichi si chachilendo. Sichipereka yankho lenileni ngati la masamu, koma chimaletsa mfundo imodzi kulankhula yokha.

Pa nkhani ya bambo aja, kukambirana kwa mumtima kotereku kunandifikitsa pa chochita chimene palibe mfundo imene inkachitsutsa kwambiri. Ndinakhala pansi ndi mwana wawo ndi mkulu wawo uja, n'kuwauza kuti sindidzakakamiza bambowo kumva chimene sakufuna kumva, komanso kuti akandifunsa mwachindunji sindidzawanamiza. Ndinawapempha kuti tilowe limodzi. Nditakhala pa mpando pafupi ndi bedi, ndinayamba ndi kuwafunsa kuti iwo akuganiza kuti chikuchitika n'chiyani m'thupi mwawo. Kenako ndinati, "Bambo, zotsatira zabwera. Anthu ena amafuna kumva zonse okha, ena amafuna kuti ndilankhule ndi ana awo. Inu mungakonde ziti?" Funso limeneli limalemekeza ufulu wa munthu, chifukwa ngakhale kusafuna kudziwa ndi ufulu wake. Limalemekezanso banja, chifukwa likufunsidwa banjalo lili pomwepo, ndipo mulibe bodza mmenemo.

Anakhala chete kwa nthawi, akusisita bondo lawo ndi dzanja lowonda. Kenako anati, "Adokotala, thupili ndi langa, ndakhala ndikulimva. Ndiuzeni, koma mwana wangayu asatuluke." Zinaoneka kuti iwonso ankabisa mantha awo pofuna kuteteza mwanayo, monga mmene mwanayo ankafunira kuteteza iwo.

Sikuti nthawi zonse zimatha chonchi. Ndakumanapo ndi odwala amene anayankha kuti, "Uzani ana anga, ine ndatopa," ndipo ndinalemekeza zimenezo ngakhale mbali ina ya mtima wanga inkati munthu ameneyu akuyenera kudziwa. Ndakumanaponso ndi mabanja amene anakana ngakhale funsolo, wodwala n'kundifunsa maso ndi maso ngati achira. Pamenepo njira ya pakati imatha, ndipo ndimayankha zoona mofatsa ndi mwapang'onopang'ono, podziwa kuti mfundo imodzi mwa zitatu zija ikunditsutsa ndiponso kuti mwina ndiyo yolondola. Ndimasankha motero chifukwa ndikayeza zonse, kunamiza munthu amene wafunsa yekha ndi cholakwa chimene mfundo zambiri zimachiona cholemera, pamene kukhumudwitsa banja, ngakhale kumapweteka, kawirikawiri kumakonzeka pokhala nawo pansi mawa lake.

Bambo aja tinawaika kachubu kotsegula njira ya chakudya kuti azitha kumeza phala lamadzimadzi, tinawapatsa morphine wakumwa wochepetsa ululu, ndipo tinaphunzitsa mwana wawo kayezedwe kake. Pa tsiku lotuluka, mkulu wawo uja anandipeza pakhonde pomwe paja n'kundiuza kuti odwalawo apempha kuti asapite kwa mwana wawo m'tauni monga mmene banja linakonzera, koma kumudzi, chifukwa pali nkhani ya dimba la kudambo imene akufuna kuilongosola okha pamaso pa a mfumu.