Kanema wopanda mawu wa Kamuzu wautsa mkangano ku Highfield

Pamene tsiku la Kamuzu la pa 14 Meyi likuyandikira, Amalawi a ku Harare akutsutsana pa kanema wakale amene akuzungulira pa WhatsApp, wosonyeza Dr Hastings Banda atavala suti ndi chipewa, akukwezera dzanja khamu la anthu. Kanemayo alibe mawu ndipo sanalembedwe tsiku. Akuluakulu a ku Highfield ndi ku Mufakose, madera a mu Harare, akuti ndi msonkhano wa ku Highfield, pomwe achinyamata akuti ndi ku Chileka pa 6 Julaye 1958, tsiku limene Banda anabwerera kwawo.

Msonkhano wa ku Highfield unachitikadi. Mu Disembala 1958, pochokera ku msonkhano wa atsogoleri a mu Africa ku Accra, Banda anaima mu Salisbury (Harare wa lero) nalankhula kwa khamu lalikulu, momwe munali machona ambiri a ku Nyasaland ogwira ntchito m'mafakitale ndi m'nyumba za azungu. Anadzudzula chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland mosapsatira, ndipo boma la Southern Rhodesia (Zimbabwe wa lero) linamuletsa kupondanso m'dzikomo. Chodabwitsa n'chakuti pasanathe miyezi itatu, pa 3 Malichi 1959, dziko lomwelo linamulandira ngati mkaidi, nakhala m'ndende ya Gwelo (Gweru wa lero) mpaka Epulo 1960.

Kusowa kwa mawu sikusonyeza kuti kanemayo ndi wachinyengo. Central African Film Unit, yomwe inakhazikitsidwa mu 1948 ndipo likulu lake linali mu Salisbury, poyamba inkapangira anthu akuda makanema opanda mawu, ndipo womasulira ndiye ankafotokoza pamene akuonetsa. Komabe bungweli linali la boma, ndipo n'zokayikitsa kuti likanajambula mdani wa chitaganya akuomberedwa m'manja, choncho kanemayu ayenera kuti anachokera kwa atolankhani akunja.

Achinyamata ali ndi mfundo, popeza tsiku la ku Chileka ndi lodziwika kwambiri. Koma nkhalamba zimene zinaima m'khamu la ku Highfield sizikunama pa zimene zinamva, ngakhale zitasokoneza chithunzi, ndipo umboni wawo sunalembedwe mokwanira. Ofuna kuthetsa mkanganowu ayambire ku National Archives of Zimbabwe, kumene amasunga makanema ndi nyuzipepala za nthawiyo, akayerekeze nyumba zooneka kumbuyo kwa khamulo.