Si aliyense wochedwa kutenga malo ku yunivesite amene khoti limamutsegulira

Kwa zaka zambiri takhala tikumva mphekesera yakuti ku India wophunzira amene waphonya tsiku lomaliza pa ndondomeko yogawa malo m'mayunivesite angopita kukhoti, ndipo woweruza alamula kuti alandiridwe. Nkhaniyi yafika potopetsa, chifukwa imapatsa makolo chiyembekezo chimene lamulo silinalonjeze.

Zoona zake n'zakuti makhoti a kumeneko amalemekeza kwambiri masiku otsekera, poti malo a amene wachedwa amakhala atapatsidwa kale kwa wina amene anasunga nthawi. Chigamulo cha khoti lalikulu kwambiri la dzikolo cha mu 2019, chokhudza maphunziro a udokotala, chinati thandizo limaperekedwa pokhapokha ngati wophunzirayo sanalakwitse kalikonse, olakwa ndi akuluakulu ogawa malo, ndiponso iye anathamangira kukhoti mosazengereza. Ngakhale zitatero, chigamulocho chinati kulowa m'chaka chomwecho kungatheke mkati mwa mwezi umodzi wokha kuchokera pa 30 Seputembala, lomwe linali tsiku lomaliza lolandira ophunzira. Kupitirira apo, khoti lingalamule kuti apatsidwe malo chaka chotsatira, ndipo lingawonjezerepo chipukutamisozi. Amene anangoiwala tsiku, kunena mosabisa, mlandu wake ndi wofooka.

N'zoona kuti khotilo nthawi zina lachitira chifundo ophunzira osauka pogwiritsa ntchito gawo 142 la malamulo oyendetsera dziko, limene limalipatsa mphamvu yolamula chilichonse chofunika kuti chilungamo chichitike, koma chimenecho si chitsimikizo kwa wina aliyense.

Musanatumizire anzanu uthenga wa mphekesera yotere, werengani chikalata cha malamulo a ndondomekoyo cha chaka chimenecho, funani chigamulo chenichenicho pa intaneti pamodzi ndi tsiku lake, kapena funsani loya. Ngati uthengawo sukutchula khoti kapena chaka, musaufalitse.