Eurovision: zidatheka bwanji kuti Céline Dion wa ku Canada apambanire Switzerland? Mafunso ndi mayankho

Ambirife dzina la Céline Dion timalidziwira ku nyimbo zachikondi zija zomwe sizisowa pa maukwati ndi pa wayilesi. Chomwe sichidziwika kwenikweni kwathu kuno n'choti mayiyu, asanatulutse chimbale ngakhale chimodzi cha Chingerezi, adapambana mpikisano wa Eurovision mu 1988, ndipo adapambanira dziko la Switzerland pomwe kwawo ndi ku Canada. Ena akamva zimenezi amaganiza kuti padali chinyengo. Padalibe. Malamulo a mpikisanowu amalola, ndipo ndi malamulo oyenera kuwamvetsa kwa aliyense wokonda nyimbo.

Kodi Eurovision n'chiyani, ndipo mwini wake ndani?

Ndi mpikisano wa nyimbo womwe umachitika chaka ndi chaka, masiku ano m'mwezi wa Meyi, ndipo umaonetsedwa pa kanema nthawi yomweyo ukuchitika. Mwini wake ndi bungwe la European Broadcasting Union, mwachidule EBU, lomwe likulu lake lili ku Geneva. Mamembala a bungweli ndi nyumba zoulutsira mawu ndi za kanema, monga BBC ya ku Britain ndi RAI ya ku Italy. Nyumba zimenezi ndi zomwe zimalembetsa, kulipira ndalama zolowera, kusankha nyimbo ndi kutumiza woyimba. Pa kanema timaona mbendera ndi dzina la dziko, koma boma silitumiza munthu. Mfundo imeneyi muigwiritsitse, chifukwa mayankho ambiri m'munsimu akuchokera pomwepa.

Mpikisano woyamba udachitikira ku Lugano, m'dziko la Switzerland, pa 24 Meyi 1956. Mayiko adalipo 7 okha, lililonse ndi nyimbo ziwiri, ndipo adapambana ndi Lys Assia wa konko. Nzeruyo adaitengera ku chikondwerero cha nyimbo cha Sanremo ku Italy. Chiyambireni, chaka chimodzi chokha ndicho chidadumphidwa: 2020, chifukwa cha mliri wa Covid-19.

Ngati ndi wa ku Ulaya, Israel ndi Australia amalowamo bwanji? Nanga Malawi sangalowe?

Chitupa cholowera ndi umembala wa EBU, osati malire a Ulaya omwe tidaphunzira kusukulu. Dera lomwe bungweli limatengako mamembala ndi lalikulu, limafika kumpoto kwa Africa ndi mbali ina ya Middle East. N'chifukwa chake Israel yakhala ikupikisana nawo kuyambira 1973, ndipo Morocco idayimbako kamodzi, mu 1980. Australia ili kutali ndi derali, koma wayilesi ya SBS idakhala ikuonetsa mpikisanowu kwa zaka zambiri, anthu akeko n'kuukonda kwambiri, ndiye mu 2015 adaiyitana ngati mlendo, n'kukhazikika.

Malawi, Zambia ndi Mozambique ali kunja kwa deralo, choncho wayilesi zathu sizingalembetse.

Nanga Céline Dion adayimira bwanji dziko la eni?

EBU ilibe lamulo loti woyimba akhale nzika ya dziko lomwe akuyimira. Nkhani imeneyo imasiyidwa m'manja mwa wayilesi iliyonse. Ena amafuna mwana wa m'dziko mwawo, ena amangofuna mawu abwino oti anyamule nyimbo yawo. Luxembourg, kadziko kakang'ono, idapambana kasanu, ndipo mwa opambana asanuwo palibe ndi mmodzi yemwe adali wa ku Luxembourg: anayi adali ochokera ku France, wina, Vicky Leandros, wobadwira ku Greece.

Céline adabadwira ku Charlemagne, m'chigawo cha Quebec, komwe anthu amalankhula Chifalansa, ndipo Chifalansa ndi chimodzi mwa zilankhulo za dziko la Switzerland. Nyimbo yake, "Ne partez pas sans moi", adaipeka ndi Atilla Şereftuğ, mawu ake n'kulemba Nella Martinetti wa ku Switzerland. Céline adaiyimba kaye pa mpikisano wosankha woyimira dzikolo, adapambana, basi ulendo wa ku Dublin. Chaka chomwecho Lara Fabian, wobadwira ku Belgium, ankayimira Luxembourg ndipo adathera pa nambala 4.

Ndiye kuti woyimba wobadwira ku Africa angathe kukwera nsanja imeneyi?

Angathe, ndipo ena adakwera kale. Jessy Matador, wobadwira ku Kinshasa, adayimira France mu 2010. Stella Mwangi, wobadwira ku Kenya, adayimira Norway mu 2011 ndi nyimbo yokhala ndi mawu a Chiswahili, ngakhale sadafike mu fainolo. Tusse, nayenso wa ku Congo, adayimira Sweden mu 2021. Onsewa ankakhala m'mayiko omwe adayimirawo ndipo adadutsa pa khomo la wayilesi zakumeneko. Mnyamata kapena mtsikana wa kwathu yemwe ali ku Britain kapena ku Ireland lamulo la EBU silimuletsa; chomwe chingamutsekereze kapena kumutsegulira ndi ndondomeko ya wayilesi ya dziko lomwe akukhalalo.

Nyimbo yake iyenera kukhala yotani?

Isapitirire mphindi zitatu. Ikhale yatsopano, yoti sidatulutsidwe poyera lisanafike tsiku la 1 Sepitembala chaka chapitacho. Pa nsanja pasakhale anthu oposa 6, kuwerengera ovina ndi othandizira kuyimba omwe. Nyama zamoyo siziloledwa. Woyimba wotsogolera ayimbe ndi pakamwa pake pompopompo, osati kungoyendetsa milomo nyimbo ikulira pa makina.

Zida zoyimbira ndiye nkhani ina. Kale kunkakhala gulu lalikulu la oyimba zida m'holo momwemo, dziko lililonse n'kubwera ndi wolitsogolera wake. Céline adayimba ndi gulu lotero. Lidamveka komaliza mu 1998 ku Birmingham, ndipo kuyambira 1999 pafupifupi zida zonse zimakhala zojambuliratu. Mukaona munthu akukwapula gitala pa Eurovision lero, dziwani kuti phokoso lomwe mukumvalo silikuchokera m'zala zakezo. Okonza amati nthawi yosinthira nsanja pakati pa nyimbo ndi nyimbo ndi yochepa kwambiri moti sangalumikize zida za gulu lililonse, ndipo zimenezo n'zoona. Komabe ine ndimaona kuti padatayika chinthu chamtengo wapatali, chifukwa mawu a munthu amakoma mwapadera akamayankhana ndi zida zamoyo.

Pa zaka, aliyense wokwera nsanja akhale atakwanitsa 16. Lamuloli lidabwera mu 1990. Mu 1986 Sandra Kim wa ku Belgium adapambana ali ndi zaka 13, ndipo mu 1989 France ndi Israel adatumiza ana a zaka 11 ndi 12, anthu n'kudandaula. Ana tsopano ali ndi mpikisano wawowawo, Junior Eurovision, womwe udayamba mu 2003.

Chilankhulo chake amasankha ndani?

Apa lamulo lakhala likupita uku ndi uku. Kuyambira 1966 mpaka 1972 dziko lililonse linkayenera kuyimba m'chilankhulo chake. Adamasula kuyambira 1973 mpaka 1976, ndipo m'kampata kameneko ndi momwe gulu la ABBA la ku Sweden lidapambanira ku Brighton mu 1974, likuyimba m'Chingerezi. Mu 1977 adatsekanso, mpaka 1998. Choncho m'chaka cha Céline, Switzerland sikadaloledwa kutumiza nyimbo ya Chingerezi, ndipo woyimba wa Chifalansa chochokera kubere adali munthu woyenera ndithu. Kuyambira 1999 aliyense amayimba m'chilankhulo chomwe wafuna, ndipo Chingerezi chidasefukira. Pofika 2025, nyimbo ya Céline ija idali ikadali yomaliza ya Chifalansa kupambana.

Ndale zimaloledwa?

Pa pepala, ayi. Mawu a nyimbo, zolankhula ndi zizindikiro zandale n'zoletsedwa. Mu 2009 Georgia idauzidwa kuti isinthe nyimbo yomwe inkamveka ngati ikunyoza Vladimir Putin, pomwe mpikisano unkachitikira ku Moscow, idakana n'kudzichotsa. Belarus idachotsedwa mu 2021 chifukwa cha mawu a nyimbo zake. Russia idathamangitsidwa mu 2022 italowa ndi nkhondo m'dziko la Ukraine. Koma kunena zoona, pomwe pali mbendera ndale sizichoka, ndipo mkangano wokhudza kutenga mbali kwa Israel m'zaka zaposachedwapa waonetsa kuti lamuloli ndi losavuta kulemba kusiyana ndi kulitsata.

Mapointi amaperekedwa bwanji?

Kuyambira 1975 dziko lililonse limasankha nyimbo 10 zomwe lakonda n'kupereka mapointi 1 mpaka 8, kenako 10, ndi 12 kwa yoposa zonse. Dziko silingadzivotere lokha. Mpikisano udadutsanso m'njira zina kale, ndipo mu 1969 ku Madrid mayiko anayi, Spain, Britain, Netherlands ndi France, adafanana mapointi onse n'kutchedwa opambana, poti padalibe lamulo lowalekanitsira.

Nthawi ya Céline ovota adali timagulu ta majaji basi. Kuvota pa foni kudayesedwa mu 1997 n'kufalikira mu 1998. Anthu atayamba kudandaula kuti mayiko oyandikana akungopatsana mapointi, monga momwe Greece ndi Cyprus amasinthanirana 12 kawirikawiri, majaji adabwezeretsedwa mu fainolo ya 2009 kuti theka likhale lawo, theka la owonera. Kuyambira 2016 mbali ziwirizi zimalengezedwa padera, ndiye nyimbo yomwe majaji aiika pansi ikhoza kudumpha mpaka pamwamba m'mphindi zomaliza.

Poti mayiko adachuluka, mu 2004 adayambitsa ndime yachipulula, ndipo kuyambira 2008 zimakhala ziwiri. Wochititsa mpikisano sadutsa m'menemo, chimodzimodzinso mayiko omwe wayilesi zawo zimasonkha ndalama zambiri ku EBU. Kuyambira 2011 mpaka 2025 gululi lidali la asanu: France, Germany, Italy, Spain ndi Britain.

Usiku wa 1988 udayenda bwanji?

Padali pa 30 Epulo, ku Dublin, mayiko 21. Céline adali atangokwanitsa zaka 20 mwezi umodzi m'mbuyomo. Adatulukira atavala jekete loyera ndi siketi yoyera yotambalala, n'kuyimba mosadodoma. Mavoti atatsala a dziko limodzi, Scott Fitzgerald wa ku Britain adali patsogolo ndi mapointi 136, Switzerland ili ndi 131. Omaliza kulengeza adali majaji a ku Yugoslavia, ndipo amayambira pa mapointi ochepa kukwera nawo. Atafika pa 6 adatchula Switzerland, kukhala 137. Apa Britain inkangofunika kutchulidwa pa 7, 8, 10 kapena 12, iliyonse mwa zimenezi, chikho n'kukhala chake. Adatchula 7, dziko lina. Adatchula 8, lina. 10, linanso. Makamera adali pankhope ya Fitzgerald. Mapointi 12 adapita ku France, Britain osapatsidwa kanthu. Céline adapambana ndi pointi imodzi.

Wopambana amalandira ndalama zingati?

Palibe mphoto ya ndalama. Amalandira chikho, chomwe kuyambira 2008 ndi maikolofoni yagalasi, ndipo amayimbanso nyimbo yake potseka. Wayilesi yomwe idamutumiza ndi yomwe imapatsidwa mwayi wochititsa mpikisano chaka chotsatira, mwayi wodya ndalama zambiri. Nthawi zina sizitheka: Ukraine itapambana mu 2022, nkhondo idachititsa kuti wa 2023 uchitikire ku Liverpool m'malo mwake. Kupambana kwa Céline kudatengera mpikisano wa 1989 ku Lausanne. Switzerland idadikira zaka 36 kuti ipambanenso, mpaka Nemo mu 2024.

Ndiye Eurovision ndi yomwe idamutchukitsa Céline Dion?

Idathandiza, koma kunena kuti ndi yomwe idamupanga n'kulakwitsa. Pofika 1988 adali atayimba kale zaka 7. Ndi chitsirizira m'banja la ana 14, ndipo ali ndi zaka 12 banja lake lidatumiza kaseti kwa René Angélil, manijala wa oyimba, yemwe adachita kuika nyumba yake pa chikole kuti apeze ndalama zojambulira chimbale choyamba mu 1981. Mu 1982 adapata mphoto pa chikondwerero cha nyimbo ku Tokyo, ndipo mu 1984 adayimbira Papa Yohane Paulo Wachiwiri ku Montreal. Nyimbo yomwe adapambana nayo ku Dublin siidagulidwe kwambiri poyerekeza ndi zomwe zidabwera pambuyo.

Chomwe iye ndi Angélil adachita bwino ndi kukonzekera khomo lisanatseguke. Céline adalowa m'kalasi kuphunzira Chingerezi. Atapatsidwa mpata wotsegulira mpikisano wa ku Lausanne monga wopambana wa chaka chatha, sadangobwereza nyimbo yakale ija: adayimbanso "Where Does My Heart Beat Now", yomwe idadzatuluka pa chimbale chake choyamba cha Chingerezi, Unison, mu 1990. Owonera mamiliyoni a ku Ulaya adamumva m'chilankhulo chatsopano chimbalecho chisanafike m'sitolo.

Zotsatira zake tikuzidziwa. Chimbale cha Falling into You cha 1996 chidalandira mphoto ya Grammy ya chimbale chopambana cha chaka, ndipo nyimbo ya mu filimu ya Titanic mu 1997 idafika mpaka m'midzi yathu. Chifalansa sadachitaye: D'eux cha 1995, chomwe adagwira ndi wopeka nyimbo wa ku France Jean-Jacques Goldman, ndi chimbale cha Chifalansa chomwe chagulidwa kwambiri kuposa china chilichonse. Kuyambira 2003 mpaka 2007 adakhazikika n'kumayimba ku hotela ya Caesars Palace ku Las Vegas, anthu n'kumamutsata komweko, ndipo ulendo wake wozungulira dziko wa 2008 adauyambira ku Johannesburg. Angélil, yemwe adakwatirana naye mu 1994, adamwalira mu 2016. Mu Disembala 2022 Céline adaulula kuti akudwala matenda osowa omwe amaumitsa minofu, n'kuleka zoyimbayimba, koma pa 26 Julayi 2024 adayimbanso pa nsanja ya Eiffel potsegulira masewera a Olimpiki ku Paris.

Opambana ambiri sadayende njira yotere. Johnny Logan wa ku Ireland adapambana kawiri ngati woyimba, mu 1980 ndi 1987, Loreen wa ku Sweden nayenso kawiri, mu 2012 ndi 2023, ndipo onsewa ndi olemekezeka ku Ulaya, koma mayina awo sadafike komwe kudafika la Céline kapena la ABBA. Enanso ambiri adaiwalika chaka chisanathe.

Ife tili kuno tingaonere, ndipo tingavote?

Okonza amaulutsa mpikisanowu pa YouTube m'mayiko ambiri, pa tsamba lake la Eurovision Song Contest. Ndime zachipulula zimakhala Lachiwiri ndi Lachinayi, fainolo Loweruka. Amayamba 9 koloko usiku pa nthawi ya pakati pa Ulaya, yomwe m'mwezi wa Meyi imafanana ndendende ndi ya ku Lilongwe, Lusaka ndi Tete. Fainolo imatenga pafupifupi maola anayi, choncho konzekeranitu bandulo yokwanira.

Kuyambira 2023 owonera a m'mayiko omwe sapikisana nawo amavota pa intaneti polipira ndi khadi la ku banki. Mavoti awo onse amaphatikizidwa n'kuwerengedwa ngati a dziko limodzi, lomwe limapereka mapointi 1 mpaka 12 monga ena onse. Amene muli ku Britain kapena m'dziko lina lopikisana nawo mumavota ngati anthu a kumeneko, ndipo nyimbo ya dziko lomwe mukuvoteramolo simungaisankhe.