Za m'kuka: mawu amene adachoka m'nyumba ya agogo n'kukalowa m'boma ndi mumpingo

Mukafunsa mkulu wa mpingo kuno ku Angónia, m'chigawo cha Tete ku Mozambique, chifukwa chimene mlaliki uja wasamutsidwira mwadzidzidzi, amayamba wayang'ana uku ndi uku, kenaka n'kutsitsa mawu: "Zimenezo ndi za m'kuka, mwanangu." Mukapita ku ofesi ina ya boma kukafunsa chimene chaimitsa ntchito yakutiyakuti, yankho limabwera m'Chipwitikizi, akuti ndi assunto interno, ndipo mnzanu amene wakuperekezani amakumasulirani muli panjira: akuti ndi za m'kuka. Masiku ano mawuwa akugwira ntchito ya loko. Akangotchulidwa, wofunsa amadziwa kuti wafika pothera. Komatu kumene adachokera mawuwa kudalibe loko.

Kwathu kuka inali nyumba ya agogo aakazi. Yozungulira, yofolera ndi udzu, khomo lake lalifupi loti munthu wamkulu ankalowa chowerama. Denga lidachita kuda bii ndi mwaye, ndipo pamwamba pa mafuwa pankalendewera chimanga cha mbewu kuti anankafumbwe asachiyandikire. Usiku munkagona atsikana osinkhuka, monga anyamata ankagonera kumphala. Koma kukagwa nkhani, kaya mtsikana waima asadakwatiwe, kaya abale alimbirana malire a dimba, kaya banja lina lagwedezeka, ana tinkauzidwa kuti tikasewere kutali. Atsibweni, amene ndiwo eni mbumba, ankafika n'kusiya ndodo pakhomo. Ankhoswe ankalowa. Agogo ankakoka chitseko n'kuikapo mpiringidzo, ife n'kumangoona utsi ukutuluka pa udzu mpaka dzuwa kupendeka.

Panali zinthu ziwiri zimene panthawiyo sindinkaziona, koma ndizo zinkapangitsa kuti kukuka kukhale kolemekezeka. Mwini nkhani ankakhalamo, kapena nkhoswe yake inkamuyankhulira. Ndipo nkhaniyo inkatuluka. Inkalowa m'kuka kuti ikapse, kuti mawu oyabwa akathere mkati, misozi ikagwere pamphasa ya agogo osati pamaso pa mudzi wonse. Ikapsa, zoyenera kumveka zinkamveka. Ngakhale ufumu unkayenda choncho pakati pa Achewa: mfumu ikamwalira, amayi akuluakulu a mbumba ndiwo ankakhala pansi kusinkhasinkha za woti alowe, koma dzina likapezeka linkapita pabwalo, anthu n'kululutira kapena kung'ung'udza. Mfumu yodziwika m'kuka mokha sidakhaleko. Kuka ndi bwalo zinali ngati mtondo ndi lichero: chosinjidwa mumtondo chimakapetedwa poyera.

Mgwirizano wa Britain ndi Portugal wa mu 1891 udadula malire pakati pa anthu amodzi, Achewa ndi Angoni a Maseko ena n'kugwera ku Nyasaland, ena kuno. Boma la Apwitikizi litakhazikika lidabwera ndi nyumba yakeyake yokambiramo. Ku Vila Coutinho, kumene lero timati ku Ulónguè, kunkakhala administrador, pansi pake a chefe do posto, pansi pawo asipayi, apolisi achikuda a bomalo, ndipo mafumu amene boma lidawavomereza ankatchedwa régulo. Kumeneko chigamulo chinkatuluka ndithu: msonkho ndi wakuti, amuna angapo apite ku chibalo, msewu ulimidwe pofika tsiku lakuti. Chimene chidasowa ndi mwini nkhani. Munthu ankangomva kuti zake zakambidwa msipayi ataima kale pakhomo. Ine ndimaona kuti apa m'pamene mawu athu aja adayamba kupindika, chifukwa anthu adazolowera kuti pali zipinda zina zimene moyo wako umakambidwamo iwe uli kumunda.

Mumpingo mawuwa adalowa ndi njira ina, ndipo apa ndimawamvetsa akuluakulu athu. Mu 1909 Mbusa A.G. Murray wa mishoni ya Dutch adatsegula mishoni ya Mphatso, kenaka padabwera Mwenzi, Benga ndi Chiputu. Mu 1922 boma la Apwitikizi lidatseka mamishoni amenewa, azungu ake n'kuchoka. Akhristu adatsala okha, opanda mbusa, mpaka cha m'ma 1970. Ankapemphera m'nyumba za anthu. Wofuna ubatizo kapena mgonero ankawoloka malire kupita ku mipingo ya Nkhoma ya tsidya linalo, n'kubwerako ngati wochokera kokacheza kwa abale. Pamenepo kusunga pakamwa kudali kusunga mpingo. Kunena kuti mawa tikumana kwa uje kukadatha kumuika uje m'manja mwa asipayi. Mpingo umene lero ndi Igreja Reformada em Moçambique, wokhala ndi Sinodi ya Mphatso, udakulira m'kuka lenileni. Tsono mukaona mkulu wa mpingo wachikulire akuuma pakamwa pa nkhani yoti ngakhale mwana akuidziwa, musafulumire kumuseka. Adayamwira.

Akatolika njira yawo inali yosiyana. Ajezwiti adafika ku Lifidzi nthawi yomweyo imene Mphatso inkayamba, ndipo ku Boroma adali atakhazikika kale. Mu 1940 Portugal ndi Vatican adasainirana pangano lotchedwa Concordata pamodzi ndi mgwirizano wa za mamishoni, ndipo lamulo la mu 1941 lidapereka sukulu zoyambira za ana achikuda m'manja mwa mamishoni achikatolika, boma n'kumathandiza ndi ndalama. Kunena mwachidule, mpingo ndi boma adayamba kugona nyumba imodzi. Sukulu zidamangidwa, ana adaphunzira, zimenezo palibe angakane. Koma wogona naye nyumba imodzi n'kovuta kumudzudzula pabwalo. Dayosizi ya Tete idakhazikitsidwa mu 1962 zinthu zili choncho. Mu 1971 ansembe a White Fathers, amene ankaphunzitsanso ku seminale ya ku Zóbuè, adalongedza katundu n'kutuluka m'Mozambique monse, ponena kuti sangapitirize kutumikira pamene mpingo ukuoneka ngati dzanja la atsamunda.

Boma la ku Lisbon nalo lidali litapeza kale loko wake. Mu 1951 lidasintha dzina la maiko amene linkalamulira, kuti asamatchedwenso makoloni koma zigawo za Portugal za kutsidya kwa nyanja. Litalowa mu United Nations mu 1955, linkati likafunsidwa za Mozambique limayankha kuti imeneyo ndi nkhani ya m'kati mwa dziko lake, akunja asalowerere. Mwachichewa tingati Salazar, mtsogoleri wa Portugal wa nthawiyo, ankauza dziko lonse lapansi kuti m'nyumba ya mwini saotcheramo mbewa. Mwambiwo ndi woona, koma funso lidali lakuti mwini nyumbayo ndani. Mu 1960 msonkhano waukulu wa bungwelo udakana zimenezi, n'kuika Mozambique pamndandanda wa maiko amene sadadzilamulirebe. Lisbon idangogwedeza mapewa.

Kuno ku Tete m'kumene mawu akuti nkhani ya m'kati adaonekera mano ake. Frelimo idatsegula nkhondo m'chigawo chino mu 1968, ntchito yomanga damu la Cahora Bassa idayamba chaka chotsatira, ndipo asilikali adayamba kusonkhanitsa anthu m'midzi yotchingidwa ija ya aldeamento. Loweruka pa 16 Disembala 1972, asilikali achipwitikizi pamodzi ndi apolisi achinsinsi a DGS adalowa m'midzi ya Wiriyamu, Juwau, Chaworha ndi ina yoyandikana nayo, kummwera kwa mzinda wa Tete, kwa abale athu Anyungwe. Adapha amuna, amayi ndi ana, ena kuwatsekera m'nyumba n'kuyatsa moto. Ofufuza adapeza maina a anthu 385, ndipo amenewo ndi okhawo odziwika maina.

Nkhani yotere ikadatha kuthera m'kachipinda komata. Akuluakulu a mpingo adayamba aidandaula kwa akuluakulu a boma mwakachetechete, monga ogona nyumba imodzi amachitira. Koma opulumuka ena adafika kuchipatala ku Tete ali ndi mabala, ndipo Bambo Domingos Ferrão, wansembe wachikuda, adayamba kulemba maina a akufa, limodzi limodzi, monga amachitira wolemba chipepeso pamaliro. Ansembe a ku Spain a gulu la Burgos adatulutsa lipoti la kuphedwa kwa anthuwo m'dziko. Lidakafika m'manja mwa wansembe wa ku England, Adrian Hastings, ndipo pa 10 Julaye 1973 nyuzipepala ya The Times idalisindikiza patsamba loyamba, kutangotsala masiku ochepa kuti Marcelo Caetano, amene adalowa m'malo mwa Salazar, afike ku London kukakondwerera zaka 600 za ubale wa Portugal ndi England. Boma la Portugal lidayamba ndi kukana, mpaka kunena kuti malo otchedwa Wiriyamu kulibe pamapu. Taganizani: mudzi kuuotcha, kenaka n'kunena kuti sudakhaleko. Chaka chimodzi chisadakwane, pa 25 Epulo 1974, boma lomwelo lidagwetsedwa ndi asilikali ake omwe. Kupepesa kudachedwa: kudabwera mu 2022, pamene nduna yaikulu ya Portugal ya nthawiyo, António Costa, idavomera ku Maputo kuti zimene zidachitika ku Wiriyamu n'zosakhululukika.

Ansembe aja ena ankawanena kuti aulula za m'nyumba. Ine ndimati adachita zimene agogo akadachita. Mwini nkhani sadaitanidwe, ndipo chitseko chidali choti sichidzatsekulidwanso, ndiye chimenecho sichidali kuka ayi. Idali mbuna.

Ufulu utabwera pa 25 Juni 1975, zinthu zidatembenuka koma chizolowezi chidatsala. Pa 24 Julaye chaka chomwecho sukulu ndi zipatala za mamishoni zidatengedwa ndi boma. Mafumu adachotsedwa paudindo ponenedwa kuti adali zida za atsamunda, m'malo mwawo mudalowa magulu a chipani cha Frelimo otchedwa grupo dinamizador ndi masekeretale ake. Misonkhano ya pabwalo idachuluka kuposa kale, koma aliyense ankadziwa kuti mfundo yafika itapsa kale kuchokera kwa a estrutura, ndiye kuti akuluakulu a chipani ndi boma. Tsono ufumu ndiwo udalowa m'kuka: masana munthu ankapita kwa sekeretale, usiku n'kuzemba kupita kwa mfumu yakale kukakamba za manda, za mvula, za mlandu wa ufiti. Zidatenga lamulo la Decreto 15/2000 kuti boma liwazindikirenso mafumu, n'kuwapatsa yunifolomu ndi mbendera. Akatolika nawo, atakumana ku Beira mu 1977, adasankha kutsamira pa miphakati, mpingo wa m'makomo woyendetsedwa ndi akhristu eni ake. Adakafika pamene anzawo a Mphatso adafika mu 1922.

Sindikunena kuti chitseko chotseka n'choipa nthawi zonse. Ambiri a ife tidathawira ku Malawi nthawi ya nkhondo ya pachiweniweni, ndipo chidatibweza kumudzi ndi zokambirana za ku Rome, zimene zidayamba mu 1990 kwa a Sant'Egidio, gulu la akhristu achikatolika la kumeneko, Arkiepiskopi Jaime Gonçalves wa ku Beira ali mmodzi mwa ankhoswe. Zaka ziwiri anthu akukangana mkati, ife kunja tikungomva mphekesera pawailesi. Koma mbali zonse ziwiri, boma la Frelimo ndi a Renamo, zidali momwemo, ndipo pa 4 Okutobala 1992 adatuluka nacho chogwirika n'kuchiika poyera.

Masiku ano mawuwa ali ndi anzake, ndipo anthu amawasakaniza. Chinsinsi ndi chimene sichiyenera kutuluka n'komwe, monga zimene munthu waulula kwa wansembe. Kachipinda komata ndi ka andale ndi a zamalonda, kamanunkha katangale ngakhale musadamve zimene zakambidwamo. Za m'kuka zidali pakati: zobisika lero, zomveka mawa. Chimene chimandidabwitsa n'chakuti m'mipingo yambiri tidazitembenuza. Mtsikana akaima, nkhani imene kale inkathera pamphasa ya agogo, dzina lake limawerengedwa kutsogolo kuti waikidwa pamwambo, mpingo wonse ukumva, mnyamata wake mwina atathawira kale ku Moatize kukasaka ganyu. Koma za chopereka, zimene aliyense adaponyapo yake, ndizo zasanduka za m'kuka.

Ndidaziona ndekha pampingo wina wa kwathu. Tidasonkha ndalama za malata zaka ziwiri, ena kugulitsa mbatatesi, ena nyemba, amayi a chigwirizano mpaka kukalima ganyu m'madimba. Dzinja lidafika tchalitchi likadali la udzu, ndipo mvula ikagwa tinkasuntha mabenchi kuthawa modontha. Tikafunsa, yankho linali lomwelo. Lamulungu lina mapemphero atatha, mlembi adalengeza kuti akulu a mpingo atsalire, ena tonse tituluke. Tidatuluka, kupatula gogo wina wa zaka zoposa 80, mmodzi mwa aja adabatizidwira tsidya lina la malire ali mtsikana. Adangokhala pabenchi pake, ndodo ili pamiyendo.

Mkulu wina adapita n'kugwada pambali pake. "Agogo, pepani, zatsalazi ndi za m'kuka."

"Ndamva, bambo," adatero gogoyo. "N'chifukwa chake ndakhala. Kuka kopanda nkhalamba mudakuona kuti? Ndipo m'malatamo muli nkhuku zanga zitatu."

Palibe adalimba mtima kumutulutsa. Ife tidakhala pansi pa mtengo panja mpaka cha m'ma 3 koloko, njala itatipweteka. Sabata yotsatira msungichuma adaimirira kutsogolo ndi kope lake, n'kuwerenga ndalama zimene zidalowa, zimene zidabwerekedwa, ndi miyezi imene obwerekawo adalonjeza kubweza. Maina awo sadatchulidwe, ndipo gogo uja titamufunsa adati amenewo ndiwo a m'kuka.