Zilankhulo zitatu ndi mkangano wa zolembalemba za ku Scotland

Mu 1919 pulofesa G. Gregory Smith adatulutsa buku lozukuta zolembalemba za ku Scotland, ndipo mlakatuli T. S. Eliot, powunika bukulo m'magazini ina ya ku London, adaika mutu wofunsa ngati dzikolo lidakhalapo ndi zolembalemba zoti nkutchedwa zakezake. Funsolo lidali ndi kachipongwe, koma maziko ake adalipo. Eliot ankaona kuti zolembalemba za mtundu wa anthu zimafuna chilankhulo chimodzi chimene mibadwo ya olemba imalandizana popanda kudukiza, pamene Scotland ali ndi zilankhulo zitatu zimene zakhala zikupikisana kwa zaka mazana ambiri. Kuyambira nthawi imeneyo, ntchito yaikulu ya ozukuta mabuku a dzikolo yakhala yolimbana ndi funso lomwelo, ngakhale pamene sakumutchula Eliot.

Chilankhulo choyamba ndi Gaelic, chapachibale ndi cha ku Ireland, chimene chidatsala m'mapiri a kumpoto otchedwa Highlands ndi pa zilumba za kumadzulo. Chachiwiri ndi Scots, cholankhulidwa m'zigwa za kummwera ndi kummawa, chimene chidabadwa mimba imodzi ndi Chingerezi koma chidakulira kwina, mpaka chidakhala ndi mawu ndi katchulidwe kakekake. Chachitatu ndi Chingerezi chenichenicho. Ambiri amaganiza kuti Scots ndi Chingerezi chowonongeka, koma padali nthawi imene chidali chilankhulo cha mfumu, cha malamulo ndi cha alakatuli otchuka. John Barbour adalemba m'chilankhulochi ndakatulo yaitali ya Mfumu Robert Bruce cha m'ma 1375, William Dunbar ankalakatula kunyumba ya Mfumu James IV, ndipo mu 1513 Gavin Douglas adamaliza kumasulira Aeneid yonse, ndakatulo yaitali ya Virgil, mlakatuli wa ku Roma wakale, kuchokera ku Chilatini, ntchito imene ku England idali isadachitike.

Scots chidatsika pang'onopang'ono, ndipo chidayamba kutsikira kutchalitchi. Dziko litatembenukira ku Chipulotesitanti mu 1560, Baibulo limene lidafika m'manja mwa anthu lidali la Chingerezi, kotero kuti munthu wolankhula Scots kunyumba ankamva Mulungu akulankhula Chingerezi tsiku la Sabata. Mu 1603 James VI adalowanso ufumu wa England nasamukira ku London pamodzi ndi nduna zake, ndipo alakatuli adataya bwalo lawo ndi owasamala. Mu 1707 Nyumba ya Malamulo ya ku Edinburgh idatsekedwa pamene mayiko awiriwa adaphatikizana, ngakhale kuti Scotland adasunga mpingo wake, makhoti ake ndi sukulu zake. Owerenga a ku Malawi angadabwe kumva kuti amishoni a ku Scotland, amene adakhazikitsa Blantyre mu 1876 nathandiza nawo kumasulira Buku Lopatulika la 1922, adachokera kudziko limene Chipangano Chatsopano chomasuliridwa m'Scots kuchokera ku Chigiriki chidadikira mpaka 1983, pamene ntchito ya W. L. Lorimer idasindikizidwa iye atamwalira kale.

M'zaka za m'ma 1700 Edinburgh idatchuka ndi anthu anzeru zakuya, koma anthu omwewo ankachita manyazi ndi kalankhulidwe kawo. David Hume adasunga ndandanda wa mawu a kwawo oyenera kuwapewa polemba, ndipo mu 1761 anthu olemekezeka a mumzindawo adakhamukira ku maphunziro a Thomas Sheridan kuti awongole lilime lawo limveke ngati la ku London. Chaka chotsatira Hugh Blair adapatsidwa mpando wa upulofesa wophunzitsa kalembedwe kabwino ndi kuwerenga mabuku a Chingerezi pa yunivesite ya Edinburgh. Robert Crawford adatsindika mu 1992 kuti phunziro la mabuku a Chingerezi, limene lero likupezeka m'mayunivesite a dziko lonse lapansi, lidayambira kumeneku, pakati pa anthu ofuna kulandiridwa mu Britain watsopano.

Mkati mwa manyazi omwewa ndi mmene mudatulukira nkhani ya Ossian, imene ndiyo chiyambi chenicheni cha chithunzi cha Scotland chimene dziko lapansi likuchidziwa. James Macpherson adabadwira ku Badenoch mu 1736, adakula akumva Gaelic, ndipo ali mwana adaona chilango chimene asilikali a boma adagwetsera anthu a kwawo itatha nkhondo ya Culloden mu 1746, imene idathetsa kuukira boma kwa mu 1745, pamene ngakhale chovala cha amuna a m'mapiri chidaletsedwa ndi lamulo. Pakati pa 1760 ndi 1763 adasindikiza ndakatulo m'Chingerezi, nanena kuti adazimasulira kuchokera kwa mlakatuli wakhungu wotchedwa Ossian, amene akuti adakhalako zaka zoposa chikwi m'mbuyomo. Ndakatulozo zidadzaza ndi nkhungu, mizimu ya ankhondo ndi nkhalamba yolira mtundu wake umene watha. Ku Ulaya zidalandiridwa ndi manja awiri: Goethe adaikamo zigawo zake m'buku lake la Werther, ndipo Napoleon ankazikonda kwambiri.

Samuel Johnson wa ku London adati zonsezo ndi bodza, ndipo adauza Macpherson kuti aonetse zolemba zakale zimene adamasulirazo. Macpherson adalephera kuonetsa zokhutiritsa. Kwa nthawi yaitali nkhaniyo idathera pomwepo, ngati chitsanzo cha chinyengo, mpaka mu 1952 pamene Derick Thomson, katswiri wa Gaelic, adaonetsa kuti Macpherson adagwiritsadi ntchito nyimbo zakale zoposa khumi zimene anthu ankaimba, ngakhale adazitambasula, kuzilumikiza ndi kuonjezeramo zambiri za m'mutu mwake. Ine ndimaona kuti onse awiri adalakwitsa chinthu chimodzimodzi. Johnson sankakhulupirira kuti anthu osalemba angasunge ndakatulo pamtima kwa mibadwo, ndipo Macpherson naye adaopa kuti nyimbo za pakamwa sizingalemekezedwe pokhapokha zitavekedwa maonekedwe a ndakatulo za Homer, mlakatuli wa ku Girisi wakale. Amene adaluza ndi oimba enieniwo, komanso alakatuli a Gaelic amene adali moyo nthawi yomweyo, monga Alasdair mac Mhaighstir Alasdair ndi Duncan Ban MacIntyre, amene Ulaya sadawamve chifukwa adali kalikiliki kulirira mlakatuli wakufa wopeka.

Robert Burns naye adapangidwa chithunzi asadamwalire. Buku lake loyamba litatuluka ku Kilmarnock mu 1786, makope 612 okha, Henry Mackenzie adamutamanda ngati mlimi wophunzitsidwa ndi kumwamba, ngati kuti luso lake lidangomugwera. Zoona zake nzakuti Burns adawerenga kwambiri, adaphunzira ku ndakatulo za Robert Fergusson amene adamwalira mu 1774 ali ndi zaka 24, ndipo ankasankha mwadala pamene alembe Scots ndi pamene alembe Chingerezi, nthawi zina m'ndakatulo imodzi. Ozukuta a masiku ano amakumbutsanso zimene maphwando okumbukira kubadwa kwake pa 25 Januwale amakonda kuiwala: chaka chomwecho cha 1786, mlakatuli woimba za ubale wa anthu onseyu adali atavomera ntchito ya ukalaliki pa munda wa akapolo ku Jamaica, ndipo chidamuimitsa ndi kuyenda malonda kwa buku lake.

Walter Scott ndiye adamaliza ntchito imene Macpherson adayamba. Buku lake la Waverley, limene lidatuluka mu 1814 popanda dzina la wolemba, limatsata msilikali wachingerezi amene akukopeka ndi kuukira boma kwa mu 1745 kenaka nabwerera ku mtendere wa Britain, ndipo owerenga amatsala ndi phunziro lakuti moyo wa m'mapiri udali wokongola koma nthawi yake idapita. Mu 1822 Scott adakonza mwambo wolandira Mfumu George IV ku Edinburgh, nalimbikitsa anthu olemekezeka, ngakhale a m'zigwa amene makolo awo ankaona anthu a m'mapiri ngati akuba ng'ombe, kuti abwere atavala kilt, chovala chonga siketi cha nsalu ya mizeremizere yopingasana. Mfumuyo, munthu wonenepa zedi, idavala kilt yofupika kwambiri ndi buluku lothina lapinki mkati mwake kuti ibise miyendo, ndipo David Wilkie pojambula chithunzi chake pambuyo pake adalichotsa bulukulo. Chovala chimene chidali choletsedwa kuyambira 1746 mpaka 1782 chidasanduka chizindikiro cha dziko lonse.

Chovuta ndi zimene zinkachitikira eni ake a chovalacho. Mu 1814, chaka chomwecho cha Waverley, anthu a ku Strathnaver m'chigawo cha Sutherland adathamangitsidwa m'midzi yawo, madenga a nyumba zawo akuotchedwa, kuti malowo akhale odyetsera nkhosa. Patrick Sellar, amene adatsogolera ntchitoyo, adazengedwa mlandu ku Inverness mu 1816 ndipo adapezeka wosalakwa. Mabanja ambiri adakakhala m'mphepete mwa nyanja pa nthaka yosabereka, ena adakwera zombo za ku Canada. Sikoyenera kunena kuti Scott ndiye adawathamangitsa, ndipo mabuku ake ali ndi zambiri zoposa zimene adani ake amavomereza. Alimi, opemphetsa ndi amayi okalamba olankhula Scots ndiwo anthu amoyo kwambiri m'nkhani zake, ndipo wozukuta mabuku wa ku Hungary, Georg Lukács, adamutcha tate wa nkhani zazitali za mbiri yakale. Komabe nkhani imene imauza owerenga kuti mtundu wina watha kale imachepetsa chisoni cha owerengawo pamene mtunduwo ukuchotsedwadi pa malo ake.

Kumapeto kwa zaka za m'ma 1800 kudabuka gulu la olemba, monga J. M. Barrie ndi Ian Maclaren, amene ankalemba za timidzi tamtendere, abusa achifundo ndi ana osauka opambana mayeso, pa nthawi imene Glasgow idali mzinda wa mafakitale ndi nyumba zothithikana. Ozukuta adawapatsa dzina lonyoza lakuti Kailyard, kutanthauza kadimba ka kabichi, ndipo George Douglas Brown adawayankha mu 1901 ndi nkhani ya tauni yodzala ndi miseche ndi nkhanza.

Mkangano waukulu udafika pakati pa nkhondo ziwiri zikuluzikulu za dziko lonse. Christopher Murray Grieve, amene ankalemba ndi dzina lakuti Hugh MacDiarmid, adatsimikiza kuti Scots chingathe kunyamula nzeru zonse za nthawi yatsopano. Poti palibe mudzi umene unkalankhula Scots chokwanira ntchito yoteroyo, adatola mawu m'zigawo zosiyanasiyana ndi m'dikishonale ya John Jamieson ya 1808, nawumba chilankhulo cholembera chimene adalembamo ndakatulo yake yaitali ya 1926, ya munthu woledzera akuyang'ana chitsamba chaminga chimene ndi chizindikiro cha dzikolo. Ankauza anzake kuti abwerere kwa Dunbar ndi kumuleka Burns, ndipo adatenga mfundo ya Gregory Smith yakuti mtima wa Scotland umakoka mbali ziwiri zotsutsana, naisandutsa chinthu chonyadira.

Mu 1936 mnzake Edwin Muir, wochokera ku zilumba za Orkney, adalemba kuti zonsezo nzosatheka. Iye adati anthu a ku Scotland amamva za mumtima m'chilankhulo china naganiza m'chilankhulo china, ndipo poti Scots chidasanduka cha nthabwala ndi chifundo basi, wolemba wofuna kunena zonse ayenera kulemba Chingerezi. MacDiarmid sadamukhululukire mpaka imfa. Mfundo ya Muir ili ndi mphamvu, ndipo wolemba aliyense amene adaphunzira sukulu m'chilankhulo chosiyana ndi cha mayi ake angaimve bwino. Koma idakhazikika pa chikhulupiriro chomwe chija cha Eliot, chakuti mtundu wathanzi uli ndi chilankhulo chimodzi, ndipo Gaelic adangochilambalala. Patangopita zaka zisanu ndi ziwiri, mu 1943, Sorley MacLean wa ku chilumba cha Raasay, mphunzitsi amene adavulala pa nkhondo ya El Alamein ku Egypt, adatulutsa ndakatulo za Gaelic zolumikiza chikondi, nkhondo yapachiweniweni ya ku Spain ndi ndale za Ulaya, m'chilankhulo chimene lamulo la maphunziro la 1872 silidachitchule nkomwe. Pamenepo mtima ndi nzeru zidalankhula chilankhulo chimodzi, ndipo sichidali Chingerezi.

Riferendamu ya 1979 italephera kubwezeretsa Nyumba ya Malamulo, olemba adachulukana modabwitsa, kuyambira Alasdair Gray mu 1981, Liz Lochhead, mpaka Irvine Welsh mu 1993, ndipo ena adayamba kunena kuti mabuku ndiwo adagwira ntchito ya Nyumbayo kufikira idatsegulidwanso mu 1999. Mawu amenewo ndi okoma kumva, koma amasandutsa wolemba aliyense kukhala phungu wa dziko, pamene ambiri a iwo ankalemba za umphawi, za amayi ndi za mizinda yawo, osati za mbendera. James Kelman atapambana mphoto ya Booker mu 1994 ndi buku lolembedwa m'kalankhulidwe ka anthu wamba a ku Glasgow, mmodzi wa oweruza adanena poyera kuti chigamulocho nchamanyazi, ndipo manyuzipepala adatanganidwa ndi kuwerengetsa mawu otukwana a m'bukumo. Kelman adayankha kuti chikhalidwe ndi chilankhulo cha anthu ake zili ndi ufulu wokhalapo. Chimene ankateteza sichidali Scots cha Dunbar kapena cha m'dikishonale ya Jamieson, koma kalankhulidwe ka m'mabasi ndi m'mabala, kamene ngakhale ena okonda Scots ankakaona ngati konyansa. Kalembera wa 2011 adapeza anthu pafupifupi 1.5 miliyoni onena kuti amalankhula Scots, ndi pafupifupi 57,000 okha olankhula Gaelic.