Gawo laling'ono mu filimu si chipongwe

Ndatopa nayo nkhani imodzi. Tikaitana achinyamata ku Nchalo kapena ku Bangula kuti tisankhe ochita sewero, aliyense amafuna kukhala mwini nkhani. Ndikati iwe ukhala wa kabaza, iwe mlonda, nkhope zimagwa, ena mawa lake osabweranso.

Tamverani. Mwini nkhani amafunika mmodzi, ndipo akangokulako opanga mafilimu amasaka nkhope ina. Koma mfumu, apongozi olongolola, sing'anga, wapolisi wa pamsewu, amenewa amafunika chaka ndi chaka. Malemu John Nyanga ndi Eric Mabedi, a Izeki ndi Jakobo, sanatchuke ndi kuoneka bwino. Anagwira kayendedwe ndi kayankhulidwe ka munthu wamba mpaka dziko lonse kuwadziwa. Ndipo inu a kuno kuchigwa cha Shire muli ndi chimene a m'tauni alibe, Chisena ndi Chimang'anja chenicheni. Bwanji mumachibisa kamera ikayatsidwa?

Amene amandipwetekabe mtima ndi bambo wina wa cha ku Ngabu. Masewero onse a mabungwe, a madzi osefukira, a kolera, a maukwati a ana, mfumu anali iye. Akangokhosomola asanayankhule, bwalo lonse zii. Luso lotero sindinalionenso. Koma zonsezo ankalipidwa ya sopo, popanda pepala lililonse, ndipo dzina lake silinalembedwe kumapeto kwa vidiyo ngakhale imodzi. Kenako kunabwera tambwali wodzitcha wopanga mafilimu wa ku Blantyre, nati pa mndandanda patsala malo amodzi, tumizani ndalama pafoni. Bamboyo anagulitsa mbuzi ziwiri. Nambala ija sinapezekenso, ndipo manyazi anamusiyitsa zisudzo.

Palibe wopanga filimu weniweni amene amalipiritsa munthu poyesedwa. Wina akangotchula ndalama ya fomu kapena yosungira malo, thawani. Mukapatsidwa gawo, ngakhale la mawu atatu, funsani pangano lolembedwa: mulandira zingati, liti, filimuyo ikaonetsedwa kuti, ndipo dzina lanu lilembedwa bwanji. Za umwini wa ntchito kafunseni ku COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito za luso, musanasaine, osati filimu itafalikira kale pa WhatsApp. Komanso pemphani kachidutswa ka filimuyo pamene mwaonekerapo tsiku lomwelo akamaliza kukonza, chifukwa gulu likabalalika simudzawapezanso, ndipo wosankha anthu wotsatira adzafuna kuona ntchito yanu ndi maso ake.