Total Commander si yaulere, ngakhale ikugwirabe ntchito

Aliyense amene amasanja mafayilo ndi Total Commander amakadziwa kabokosi kamene kamatulukira pulogalamuyi ikamatseguka, kouza munthu kuti adine batani 1, 2 kapena 3. Ambiri amangodina n'kupitiriza ntchito, chaka ndi chaka, poganiza kuti ndi yaulere.

Pulogalamuyi anailemba ndi Christian Ghisler wa ku Switzerland. Inatuluka mu 1993 ndi dzina lakuti Windows Commander, ndipo dzinali linasintha mu 2002 kampani ya Microsoft itadandaula kuti dzina la Windows ndi lake. Imagawidwa ngati shareware: mumaiyesa kwa masiku 30, kenako mumagula layisensi kapena mumaichotsa. Mwiniwake sanaikemo loko woiletsa kugwira ntchito masikuwo akatha. Anangowakhulupirira anthu. Ife okonza makompyuta a m'maofesi zimatiwawa tikaona kampani yopeza ndalama ikudyera masuku pamutu munthu amene anaikhulupirira chotere.

Mukalipira mumalandira kafayilo kotchedwa wincmd.key. Mumakaika mu foda imene muli pulogalamuyo, ndipo mukaitsegulanso kabokosi kaja kamasowa, dzina lanu n'kumaoneka pamwamba pa windo. Kafayilo kameneka ndiye umboni wanu wonse. Kasungeni pa flash kapena pa imelo, chifukwa kompyuta ikafomatidwa kamapita limodzi ndi zina zonse.

Pamene anthu amasokonezeka ndi pa kawerengedwe. Layisensiyi imawerenga anthu ogwiritsa ntchito, osati makina. Munthu mmodzi akhoza kuigwiritsa ntchito pa kompyuta ya kuntchito ndi pa laputopu ya kunyumba, koma ngati anthu 5 mu ofesi akuigwiritsa ntchito nthawi imodzi, pakufunika malayisensi 5. Chosangalatsa n'chakuti mpaka pano amene anagula kalekale amalandirabe zatsopano za pulogalamuyi osalipiranso, zomwe masiku ano n'zosowa.

Makiyi a layisensi obedwa komanso mapulogalamu a pa intaneti osokonezedwa kuti asamafune layisensi, chonde atalikireni. Pulogalamu yosanja mafayilo imaona chilichonse chimene chili pa kompyuta yanu, ndipo ena amasungiramo mapasiwedi a FTP, njira yotumizira mafayilo ku makompyuta ena pa intaneti. Ikabwera ndi vairasi, wakuba mwamutsegulira nokha chitseko.

Ngati ndalama palibe, tengani Double Commander. Monga Total Commander, ili ndi mbali ziwiri zoonetsa mafayilo, imagwira pa Windows, Linux ndi macOS, ndipo layisensi yake ya GPL imalola kuigwiritsa ntchito ngakhale pa bizinesi osalipira kanthu. Koma Total Commander ya pa foni za Android, Ghisler amaipereka kwaulere.